Ngalande yatsekeka, mwini wake ndani?

Amake Tadala: Mwaswera bwanji nonse. Ndili ndi funso, koma musandiseke. Ngalande imene imadutsa kuseri kwa nyumba zathu kuno yakhala yotsekeka chiyambire mwezi wa June. Muli majumbo, mabotolo, matewera a ana, mpaka tayala la galimoto lilimo. Pakamwa pa kalavati pamera udzu, moti dzulo ndaona nkhuku ikupalasa pamwamba pake ngati ili padzala. Mvula yayandikira. Chaka chatha madzi analowa m'nyumba mpaka m'mawondo, matumba awiri a chimanga n'kuwola. Ndinapita ku ofesi ina kukadandaula, anati msewuwo si wawo. Ku ofesi yachiwiri anati msewu ndi wawo ndithu koma ngalande si yawo. Ku yachitatu anandifunsa nambala ya ploti. Ploti yathu ilibe nambala, tinagula kwa amfumu. Ndiye ndikufunsa, ngalande ya m'tauni mwini wake ndani?

Wakabaza: Mwini wake ndi amene anatayamo thewera uja mayi 😂

Amake Tadala: Mwana iwe, ndanena kuti musandiseke.

Wakabaza: Pepani mayi. Koma ine ndimaswera pamsewu, ndimaona. Anthu amadikira mvula iyambe kugwa, kenako n'kutuluka ndi ndowa za zinyalala kukakhuthula m'ngalande kuti madzi akokolole. Amati galimoto ya ulere yafika. Zikakatsekeka kumunsiko si nkhani yawo.

Amake Tadala: Sindikukana. Koma ukanati uwafunse kuti nanga akataye kuti? Kwathu kuno galimoto ya zinyalala sindinaionepo, ndipo ndakhala zaka khumi ndi chimodzi. Dzala tingakumbe pati pamene ploti imodzi ili ndi nyumba zisanu ndi chimbudzi chimodzi?

Nabanda: Amake Tadala, funso lanu si loseketsa ayi. Ine ndinaphunzira za mapulani a mizinda ndipo funso lomweli linatidyera chaka chathunthu m'kalasi. Vuto lake ndi ili: mzinda wa ku Malawi uli ndi eni ake ambiri. Malo ena ali m'manja mwa Unduna wa za Malo, ena a Malawi Housing Corporation, ena a khonsolo, ena a makampani ndi anthu, ndiye pali ena amene mafumu amagawa ngakhale ali mkati mwa malire a mzinda. Misewu ikuluikulu imene imadutsa m'tauni ndi ya Roads Authority, misewu ya m'madera ndi ya khonsolo. Madzi ndi a ma water board, magetsi a ESCOM. Zinyalala, misika, zimbudzi za onse, manda, ozimitsa moto ndi kuvomereza mapulani a nyumba ndiye ntchito ya khonsolo. Tsono madzi a mvula sadziwa malire amenewa. Amachoka pa msewu wa uyu, n'kudutsa pa malo a uyo, n'kukathera m'chipinda mwanu.

Aphunzitsi Opuma: Mapanga awiri avumbwitsa. Apa mapanga ake ndi asanu.

Bambo Landilodi: Ine ndilankhule mosapsatira. Amene amalipira city rates, msonkho wa malo ndi nyumba wopita ku khonsolo, mu gulu lino akweze dzanja. Ine ndimalipira pa nyumba zitatu. Amene akudandaula kwambiri ndi amene nyumba zawo sizili m'kaundula wa khonsolo n'komwe. Mukufuna galimoto ya zinyalala iyendere mafuta a ndani?

Amake Tadala: Bambo, ine ndimagulitsa tomato ndi anyezi pa msika. Dzina la msikawo ndisatchule. Tsiku lililonse, ndisanagulitse ngakhale mulu umodzi, munthu wa matikiti amakhala wafika kale pa benchi yanga. Kugwe mvula ndimadula tikiti, malonda asayende ndimadula tikiti. Inu mumalipira kamodzi kapena kawiri pa chaka, ine Lolemba mpaka Loweruka. Ndipo ndikafuna kudzithandiza, pa chimbudzi cha mumsika momwemo ndimalipiranso. Ndiye musandiuze kuti sindiponyapo kanthu.

Wakabaza: Awauze mayi! 🔥

Bambo Landilodi: Sindinanyoze munthu. Ndikungonena kuti ndalama ya tikiti siingamange ngalande.

Nabanda: Nonse awiri mukunena zoona, ndipo n'chifukwa chake nkhaniyi imawawa. City rates ndiye gwero lalikulu la ndalama zimene khonsolo ya mzinda imatolera yokha. Imawerengedwa potengera mtengo wa malo ndi nyumba, kuchokera m'kaundula amene amayenera kukonzedwanso zaka zisanu zilizonse. Koma anthu oposa theka a m'mizinda yathu ikuluikulu amakhala m'madera amene sanayezedwe. Nyumba zawo mulibe m'kaundulamo, choncho salipira rates, ndipo khonsolo nayo imawaona ngati alendo. Iwo amati tilipirenji pamene simutithandiza, khonsolo imati tikuthandizeni ndi chiyani pamene simulipira. Zaka zikupita akulozana zala. Pakatipo pali amake Tadala, amene amalipira tsiku ndi tsiku pa msika koma kumene amagona kulibe pa mapu.

Aphunzitsi Opuma: Ana inu mundilole ndibwerere m'mbuyo pang'ono, paja ukalamba ndi umenewu. Blantyre idakhala ndi ulamuliro wa tauni kuyambira 1895, ndipo Limbe idaphatikizidwa nayo mu 1956. Koma tauni imeneyo idakonzedwera azungu ndi amwenye ochita malonda. Ife eni dziko tinkabwera m'mawa kudzagwira ntchito, madzulo n'kubwerera ku midzi ya m'mphepete. Ndirande idakula motero. Ngalande, mipope ndi misewu yabwino zidathera pamene nyumba za mabwana zidathera. Lilongwe nayo, pamene a Kamuzu ankasamutsa likulu kuchoka ku Zomba, ntchito yomanga adaipereka ku bungwe lapadera la CCDC lomwe lidakhazikitsidwa mu 1968, ndipo likulu lidasamuka mu 1975. Mapulani adalipo okongola, ma Area a manambala, mitengo pakati. Koma kalembera wa 2018 adapeza anthu 989,318 mu Lilongwe ndi 800,264 mu Blantyre. Anthu adachuluka, mizere ya pa mapu idatsala pomwe adaisiya aja.

Wakabaza: Madala mwatsegula kalasi ya history usiku uno 😅

Aphunzitsi Opuma: Khala chete uphunzire, sindikulipiritsa. Chimene ndikufuna mumve ndi ichi. Titalowa m'ndale za zipani zambiri, boma lidabweretsa lamulo la maboma aang'ono mu 1998 pamodzi ndi ndondomeko ija tinkaimva pa wailesi tsiku ndi tsiku, ya mphamvu ku anthu. Makhansala tidasankha mu 2000. Nthawi yawo itatha mu 2005, chisankho china sichidachitike mpaka 2014. Zaka zisanu ndi zinayi mizinda yathu idayenda popanda khansala ngakhale mmodzi, popanda mfumu ya mzinda. Ndipo dziko silidagwedezeke.  Ine ndimati pamenepo ndi pamene tidaphunzira kuti khonsolo si yathu, ndi ofesi chabe ya boma imene imadula matikiti.

Nabanda: Aphunzitsi mwakhudza pamene ndimafuna kufika. Ndifunse gulu lonse: meya wa mzinda wanu munamuvotera liti?

Wakabaza: Ine ndinavotera pulezidenti, MP ndi khansala. Mapepala anali atatu.

Nabanda: Ndi zimenezo. Meya sasankhidwa ndi inu, amasankhana okhaokha makhansala, ndipo amakhala zaka ziwiri ndi theka. Komanso amene amayendetsa ntchito za tsiku ndi tsiku, amene ali ndi antchito ndi mabuku a ndalama, si meya koma mkulu wa khonsolo, Chief Executive. Lamulo litasinthidwa mu 2010, mphamvu yomusankha inapita kwa nduna. Kusintha komweko kunapatsa aphungu a Nyumba ya Malamulo voti m'khonsolo. Ndiye taonani: amene wavala mkanjo ndi unyolo wa golide, amene mumamuona akudula riboni, alibe mphamvu zambiri. Amene ali ndi mphamvu simumudziwa nkhope, ndipo maso ake ali ku Capital Hill kumene kunachokera kalata yake ya ntchito.

Bambo Landilodi: Za aphungu zija khothi silinagamule?

Nabanda: Linagamula mu 2025, pa mlandu umene linabweretsa bungwe la makhonsolo la MALGA. Oweruza anati phungu kuvota m'khonsolo komanso kulowerera pa kayendetsedwe ka ndalama za CDF, thumba la chitukuko cha m'dera la phungu, n'kosemphana ndi malamulo aakulu a dziko, chifukwa ntchito ya phungu ndi kupanga malamulo ndi kulondoloza boma, osati kumanga milatho. Koma mukudziwa nokha kuti pa kampeni palibe amene amafunsa phungu za malamulo. Timamufunsa za mlatho ndi bokosi la maliro.

Mlamu wa ku Lusaka: Moni a kumudzi. Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Kuno ku Zambia kuyambira 2016 meya timamuvotera tokha, ali ndi pepala lakelake pa chisankho. Poyamba ndinasangalala kuti eya, tsopano tili ndi munthu womugwira pa kolala. Koma ndikuuzeni, dera la Kanyama mu Lusaka muno limasefukirabe chaka chilichonse. Kolera wa kumayambiriro kwa 2024 anafika poti bwalo la mpira la Heroes analisandutsa chipatala. Mu 2018 asilikali ndi amene anachotsa mavenda m'misewu ya Lusaka chifukwa cha kolera yemweyo, ndipo lamulo linachokera ku boma lalikulu. Kuvotera meya n'kwabwino, koma ngati chikwama chili kwina, mwangosankha munthu woti muzimutukwana ndi dzina.

Wakabaza: Komabe bola kutukwana munthu wodziwika dzina alamu. Ife kuno timangotukwana "akhonsolo", ngati mzimu.

Achimwene a ku Joni: Haha mfana wanena zoona. Kuno ku Johannesburg zinthu zinakonzedwa mosiyana. Mzinda uli ndi makampani akeake: Pikitup ya zinyalala, City Power ya magetsi, Johannesburg Water ya madzi, ndi ina ya misewu. Bilu imabwera imodzi kuchokera ku mzinda, ndiye ndalama zimakhala zambiri ndithu kusiyana ndi kwathu. Malamulo aakulu a dziko lino a 1996 amati boma la mzinda ndi boma palokha, si mwana wa unduna. Koma musaganize kuti ndi kumwamba. Meya kuno amasankhidwanso ndi makhansala, ndipo kuyambira 2021 akhala akusinthana ngati malaya chifukwa cha migwirizano ya zipani. Mukukumbuka moto wa ku Marshalltown mu August 2023? Anthu oposa 70 anafa, kuphatikizapo abale athu Amalawi, m'nyumba ya mzinda imene inangosiyidwa m'manja mwa zigawenga zotolera lendi. Tinasonkha ndalama za maliro kuno. Mphamvu ndi ndalama zilipo, koma woyang'anira akagona anthu amafabe.

Amake Tadala: Mzimu wawo uuse mumtendere. Koma abale, ndiye mukundiuza kuti kulikonse n'chimodzimodzi? Ndingokweza katundu pa thebulo n'kudikira madzi?

Nabanda: Ayi mayi. Pali chinthu chimodzi chimene ine ndimachisirira m'maiko ena. Mizinda yambiri ya ku America ili ndi chikalata chakechake chimene amachitcha charter. New York ili nacho. Ndi ngati malamulo aakulu a mzinda umenewo: chimanena kuti meya ali ndi mphamvu ziti, makhansala ziti, ndalama zimatoleredwa bwanji ndipo amaziwerengera ndani. Akafuna kusintha zikuluzikulu amakafunsa eni mzinda pa voti. Kwathu kuno Blantyre, Lilongwe, Mzuzu ndi Zomba zonse zimayendera lamulo limodzi lomwe lija la 1998, lomwenso limayendetsa khonsolo ya Neno kapena Likoma. Mzinda wa anthu pafupifupi miliyoni ndi boma la pachilumba, chovala chimodzi. Khonsolo imatha kupanga malamulo ake aang'ono, ma by-law, koma ayenera kuvomerezedwa ndi nduna.

Bambo Landilodi: Mapepala tili nawo ambiri m'dziko muno mayi. Ine ndinalowapo mu ofesi ina, pakhoma atapachika chikalata chachikulu cha service charter, cholembedwa bwino kuti pulani ya nyumba timavomereza m'masiku akutiakuti. Yanga inatha miyezi isanu ndi iwiri. Tsiku lina ndinamulozera kalaliki chikalatacho, iye anangoseka n'kunena kuti chimenecho anapachika ndi a pulojekiti.

Wakabaza: 😂😂 "anapachika ndi a pulojekiti"

Nabanda: Ndaseka koma zikupweteka. Kusiyana kwake n'kwakuti chikalata cha pakhomacho chilibe mano. Akachiphwanya palibe chimachitika. Chimene ndikunena ine ndi pangano loti mbali zonse ziwiri zili ndi chotaya. Mwachitsanzo dera ngati la amake Tadala: khonsolo ibwere iyeze, nyumba iliyonse ipatsidwe nambala, anthu ayambe kulipira kandalama kochepa kolingana ndi nyumba zawo. Mbali inayo, zilembedwe kuti gawo lakuti la ndalamazo likhala m'wodi momwemo, zinyalala zizichotsedwa tsiku lakuti, ngalande zizikumbidwa mvula isanayambe, ndipo miyezi itatu iliyonse ndalama zolowa ndi zotuluka zizimatidwa pa bolodi pa msika kuti aliyense awerenge. Akalephera, anthu akhale ndi poyambira kukadandaula mpaka ku khothi.

Amake Tadala: Nambala ya nyumba ndikuifuna. Koma mwati tiyambenso kulipira ina?

Aphunzitsi Opuma: Walira mvula walira matope, mayi.

Amake Tadala: Matope ndili nawo kale aphunzitsi, m'chipinda mwenimweni. Ine kulipira sindikana. Pano timalipira mnyamata wa wilibala amene amatenga zinyalala pakhomo, ndipo tonse tikudziwa kuti amakataya kumtsinje usiku. Timalipira pa kiyosiki ya madzi, chidebe chilichonse, ndipo mukawerengera timagula madzi modula kuposa a mipopi m'nyumba. Timasonkha za chitetezo cha m'dera. Maliro akachitika timasonkha kwa amfumu. Ndalama zikutuluka kale, kungoti zikupita m'matumba khumi. Chimene ndikuopa n'chakuti ndiwonjezere thumba la khumi ndi chimodzi, ngalande ikhale chitsekekere.

Nabanda: Mantha amenewo ndi oona, ndipo ndilibe yankho lokoma. Ndinganene kuti oyamba kuonetsa chilungamo ayenera kukhala a khonsolo, chifukwa ndi amene ali ndi ngongole ya chikhulupiriro. Ayambe ndi misika. Amate pa geti kuti mwezi uno matikiti atolera zakuti, tagwiritsa ntchito zakuti. Zimenezo sizifuna thandizo la kunja, zimafuna pepala ndi guluu.

Bambo Landilodi: Ndipo boma lalikulu nalo lipereke zake. Ndondomeko ya 1998 ija inanena kuti makhonsolo azilandira ndalama zosachepera 5 peresenti ya zimene boma latolera. A MALGA akhala akulira chaka ndi chaka kuti ndalama zimabwera zochepa komanso mochedwa. Mwana mwamutuma kumsika koma ndalama mwaisunga m'thumba mwanu, akabwera chimanjamanja mumukwapule?

Mwana wa ku Soche: Ndakhala chete chifukwa nkhani ya madzi imandivuta. Ine ndinali ku Chilobwe usiku umene phiri linatsika, nthawi ya namondwe wa Freddy mu March 2023. Sindifotokoza zambiri. Phokoso lake linali ngati malole ambiri akutsitsa miyala nthawi imodzi, ndipo kutacha malo amene panali nyumba za anzathu panali matope ndi miyala ikuluikulu kuposa minibasi. Tinkakumba ndi makasu ndi manja. M'dziko lonse akufa ndi osowa anaposa 1,000. Chimene chimandipweteka ndi mawu amene ndinkamva pambuyo pake, akuti anthu ake ndi osamva, anamangiranji m'phiri. Bambo anga sanakwere phiri chifukwa chokonda mphepo. Anafunafuna ploti yoyezedwa, mtengo wake sakanautha, ndipo mndandanda wodikira unali wosatha. Kumtunda kuja munthu anawalozera malo, anapereka ndalama, mboni zinalipo. Nyumba inamangidwa masana dzuwa likuswa mtengo, njerwa zinkakwera anthu onse akuona. Pa kampeni andale ankakwera konko kudzapempha mavoti. Palibe ananena kuti pano mpoopsa mpaka tsiku limene tinkafukula anthu.

Amake Tadala: Pepa mwanawe. Pepa kwambiri.

Achimwene a ku Joni: Pepani achimwene. Tinkaonera pa foni kuno, manja ali m'mutu.

Aphunzitsi Opuma: Mulungu akutonthoze mwana wanga. Ndipo wanena chinthu chimene akuluakulu amachizemba. Ine ndikukumbuka phiri la Soche ndi la Ndirande ali ndi mitengo yoti masana mumalowa mdima. Idatha ndi nkhuni, makala ndi uvuni wa njerwa, ife tomwe tikugula. Lamulo la mafumu limanena kuti mfumu ilibe ulamuliro mkati mwa mzinda pokhapokha khonsolo italola, koma pitani m'dera lililonse mukaone amene amaweruza milandu ya malire, amene amalengeza maliro, amene amasainira kugulitsana malo. Ndi amfumu ndi mabuloko lida. Boma limene lili pa pepala silifika kumeneko, ndipo limene limafika kumeneko silili pa pepala.

Mwana wa ku Soche: Ndiye chikalata chanucho chemwali Nabanda, ngati chidzalembedwe, amfumu a m'tauni alowemo. Muwapatse udindo wolembedwa, kuti akagulitsa malo m'mphepete mwa mtsinje kapena pa phiri adzayankhe. Kuwanamizira kuti kulibe ndi kumene kwatifikitsa apa. Komanso kuuza munthu kuti samuka osamuonetsa kopita n'kungotaya mpweya. Ena amene anasamuka anabwerera, chifukwa ganyu ali m'tauni.

Nabanda: Ndikugwirizana nawe kotheratu. Mzinda umene sukonza maploti otsika mtengo anthu asanafike, umakhala ukuthamangitsa anthu amene afika kale. Ndipo anthu sasiya kubwera.

Wakabaza: Ngati ifeyo a kabaza. Tilipo masauzande, tikunyamula tauni yonse, koma malo oimikapo ovomerezeka ndi ochepa. Ndiye timangokhalira mpikisano ndi apolisi. Mavenda chimodzimodzi. Ndinamva kuti nthawi ya a Bingu anawachotsapo onse m'misewu.

Aphunzitsi Opuma: Operation Dongosolo, 2006. Misewu idayera ndithu, munthu n'kumayenda mu Limbe osaponda tomato. Koma taona lero. Kuthamangitsa kumagwira ntchito mwezi umodzi kapena chaka, kenako chisankho chikayandikira aliyense amaopa kukhumudwitsa ovota. Msika ukakhala kutali ndi kumene anthu amatsikira minibasi, venda adzabwerera pa siteji, ngakhale umulande katundu kasanu.

Mlamu wa ku Lusaka: Nanga tsiku loyeretsa lija linatha bwanji kumudziko? Ndinaona pa TV a Chakwera atagwira tsache.

Bambo Landilodi: Linakhazikitsidwa mu November 2020, Lachisanu lachiwiri la mwezi uliwonse. Miyezi yoyamba tinkatuluka ndithu. Kenako zinangozilala.

Amake Tadala: Ife tinasesa, tinaunjika milu m'mbali mwa msewu. Milu ija inakhala pomwepo mpaka mbuzi ndi mphepo zinaimwazanso. Mwezi wotsatira nditaitana azimayi anzanga anandifunsa kuti tikasesenso zomwe zija?

Achimwene a ku Joni: Anthu amakonda kutchula Kigali, likulu la Rwanda, pa nkhani imeneyi. Kumeneko amagwira ntchito ya m'dera Loweruka lomaliza la mwezi, ndipo majumbo analetsa kalekale mu 2008. Koma kuseri kwa tsache kuli galimoto imene imabwera, ndi chilango chimene chimagwiradi munthu.

Nabanda: Ife majumbo opyapyala tinaletsa mu 2015, ochepera ma micron 60. Nkhani inakhala ikuzungulira m'makhothi zaka zambiri chifukwa makampani opanga ankatenga ziletso, ngakhale khothi lalikulu la apilo linagamula mu 2019 kuti lamulolo lili bwino. Zotsatira zake ndi zimene zili mu kalavati ya amake Tadala. Ndipo zimene zatoledwa zimangokaunjikidwa kumtaya, ku Mzedi kapena ku Area 38, osasiyanitsa. Chonsecho zinyalala zathu zambiri ndi zowola: makoko a nthochi, masamba, zotsala za pa msika. Ameneyo ndi manyowa, m'dziko limene feteleza anthu akumulira. Magulu ena a azimayi ndi achinyamata akupanga kale kompositi n'kumagulitsa. Khonsolo itangowapatsa malo pafupi ndi msika uliwonse, galimoto zochepa zomwe zilipozo zikanamanyamula theka la katundu.

Bambo Landilodi: Apa pokha ndavomera. Dimba langa ndimagula manyowa a nkhuku modula.

Wakabaza: Ndiye bwanawe muzibwera ndi pickup pa msika wa mayiwa muzitenga ulere 😄

Aphunzitsi Opuma: Tisaiwalenso kuti uve umenewu tidaulipira ndi miyoyo. Kolera wa 2022 mpaka 2023 adapha anthu oposa 1,700, ndipo sukulu za mu Blantyre ndi Lilongwe zidachedwa kutsegulidwa mu January 2023. Mvula ikakuona litsiro sikata. Ngalande yotsekeka, chimbudzi chosefukira ndi chitsime chosatetezedwa zikakhala pa ploti imodzi, sipafunikanso mfiti.

Adimini: Abale, nkhani yakoma koma mayiwa anafunsa funso lofuna yankho. Mvula siidikira kuti lamulo lisinthidwe. Achite chiyani sabata ino?

Nabanda: Chabwino. Mayi, musapitenso nokha, ndipo musapitenso pakamwa pokha. Lembani kalata, asainire anthu onse amene madzi amawalowera, amfumu kapena buloko lida adindepo. Jambulani kalavatiyo. Kalata ipite kwa khansala wa wodi yanu, ina kwa mkulu wa khonsolo, ndipo yanu yotsala ayidinde tsiku limene alandira. M'kalatamo musafunse kuti ngalande ndi ya ndani, adzakuzungulitsaninso. Mulembe kuti madzi akuopseza miyoyo ndi umoyo wa anthu m'dera la khonsolo, chifukwa zimenezo sangazikane kuti si zawo. Ngati msewu ndi wa ena, iwowo ndi amene akawalembere anzawowo. Chinanso chimene anthu ambiri sadziwa: misonkhano ya khonsolo yonse ndi yotseguka, munthu wamba atha kukakhala kumbuyo n'kumamvetsera. Ndipo lamulo lopatsa anthu ufulu wopeza uthenga linayamba kugwira ntchito mu 2020, mutha kulemba kufunsa kuti bajeti ya chaka chino yaika zingati pa ngalande za wodi yanu.

Amake Tadala: Khansala wathu ndinamuona komaliza akugawa nsalu.

Bambo Landilodi: Nambala yake amfumu ali nayo, musakaike. Ndipo muwauze kuti kalata ina mwasunga yoti ipite ku wailesi. Mudzaona liwiro lake.

Mwana wa ku Soche: Koma kalata ili m'njira, kalavatiyo itsegulidwe. Musadikire. Ine ndibwera, mundilozere malo ku inbox.

Bambo Landilodi: Tikatsegula tokha ndiye tikuwazoloweza ulesi. Misonkho tikulipiranji?

Mwana wa ku Soche: Bambo, mfundo yanu ndi yoona, koma madzi akabwera usiku salowa m'nyumba ya khonsolo.

Bambo Landilodi: Chabwino. Wilibala ndili nazo ziwiri. Koma zinyalala tikatulutsazo ndikazitula pa geti pa ofesi, aone.

Adimini: Zimenezo gulu silinakutumeni bambo 😂

Nabanda: Muzijambula musanayambe ndi mutamaliza, zithunzizo zipite pamodzi ndi kalata. Ndipo mupemphe kuti atumize galimoto tsiku lomwelo, apo ayi milu ija ibwereranso momwemo. Mayi, nditumizireni mayina a misewu yoyandikana nanu, kalatayo ndikulemberani usiku uno, inu mungosainitsa.

Wakabaza: Kalata ndikapereka ndine, ulere. Koma mafuta a pobwerera mayi mundiponyere ka mulu ka tomato.

Amake Tadala: Tomato utenga, ndi anyezi womwe. Loweruka 6 koloko m'mawa, amene ali ndi fosholo ndi magambutsi abwere nazo, m'ngalandemo muli magalasi osweka. Ndisiye kaye foni, kumwera kwada bii ndipo zovala za ana zili pa chingwe.